A Gama ndi Pangano la Inki ndi Bango

Uthenga wa imfa ya a Lameki Gama unandipeza ndikukazinga mandasi, ndipo sindinaukhulupirire. Anabwera nawo ndi dalaivala wa lole yonyamula kachewere, amene amatsikira ku Manjawira kawirikawiri. Ndinamufunsa kuti, "Mwawaona ndi maso anu kapena mwangomva?" Iye akuti wangomva. Ndinati ndiye imwani tiyi wanuyo muzipita. Ndinadikira mpaka mdzukulu wawo wa kuchigwa, mwana wa mlongo wawo, atandiimbira yekha foni akulira, ndiye ndinatseka tiyirumu n'kukhala pansi. Kusakhulupirira za m'kamwa mwa munthu ndinaphunzira kwa a Gama omwewo, amene anakhala zaka zambiri pakhonde langali akulemba zikwangwani.

Chimene ankafuna pa ukalamba wawo chinali chimodzi, ndipo Tsangano yense ankachidziwa: kudzagona pambali pa akazi awo, Nangozo, kumanda a kuno kumtunda. Iwo sanali a kuno. Anali mkamwini wochokera kuchigwa, kolima mpunga, ndipo ana sanawaone pa banja lawo. Nangozo atamwalira, achibale anafuna kuwasudzula, kuti mwambo uthe, bamboyo abwerere kwawo. A Gama anakana. Anati kwawo ndi kumene kuli mkazi wawo. Alamu awo, a Zakeyu, mchimwene wa Nangozo, anamva zina. Kwa iwo, mkamwini wokakamira pamudzi ndiye kuti maso ake ali pa munda wa kachewere umene mlongo wawo anasiya.

Koma abale inu, munthu wokayikira ngati a Gama sindinamuonepo. Tiyi ankamwa kwa ine tsiku ndi tsiku, komabe ndikamathira ankaimirira kuti aone mmene akutsikira m'kapu. Shuga ankayamba amununkhiza. Chitini cha penti asanagule ankachigwedezera kukhutu, ati penti wothiridwa palafini amalira mosiyana. Burashi yawo sankabwereketsa ngakhale kwa abusa, inkakhala m'thumba la jekete, yokulungidwa m'sokosi yakale. Munthu akabwera kuti amulembere dzina la sitolo, iwo ankafunsa kaye ngati mayi a kunyumba alivomereza dzinalo, chifukwa anatopa kufufuta mayina a zibwenzi pa makoma a anthu. Ndinkawanena pamaso kuti, "A Gama, inu tsiku lina mudzakayikira mthunzi wanu womwe." Ankandiyankha kuti anayamba kalekale, popeza m'mawa umakhala wautali, masana waufupi, nanga chinthu chotero n'kuchikhulupirira?

Lamulo lawo lalikulu linali la mitanda ya pamanda. Anthu onse a kuno ankalembetsa kwa iwo dzina la womwalira, koma sankagwira burashi asanaone masamba atayalidwa pamsewu ndi kumva amayi akulira pakhomo pa maliro. Ungabwere ndi misozi mbwembwembwe, ankanyamuka kaye kukadzionera okha.

Ndiye panali nkhani yawo ija, imene inawakondetsa ndi anthu, n'kudzawadanitsa nawonso. Ankaikamba uku akulemba, anthu odikira malole atazungulira khonde langa. Ati kuli maiko awiri. Lina lili pamwamba, Dziko la Nkhungu, kumene anthu amakama inki ku miyala yakuda m'mawa mame asanaume. Lina lili pansi, Dziko la Bango, kumene kumamera bango lokhalo lotha kunyamula inkiyo osapsa. Chilichonse cholembedwa ndi inki imeneyo pogwiritsa bango limenelo chimachitika. Ukalemba mvula, imagwa. Ukalemba ng'ombe, mawa uipeza m'khola ikubzikula. Koma inki payokha imadya chala cha woigwira, ndipo bango palokha ndi kamtengo kotokosera m'mano basi. Maiko awiriwa anamenyana mpaka kutopa, aliyense kufuna kulanda cha mnzake. Pomaliza anakumana pa mwala wa pakati pa mtsinje n'kupangana za malonda, ngakhale panalibe wokhulupirira mnzake ndi mmodzi yemwe.

Panganolo ndinalimva mpaka kuliloweza, moti ndimalinena bwino kuposa katekisimu. Chipanda chimodzi cha inki chisinthane ndi mtolo umodzi wa bango. Onyamula katunduyo akhale anthu osadziwa kulemba, kuopa angalembe zawo panjira. Posinthana, aliyense aike katundu wake pamwala n'kubwerera cham'mbuyo, asapatse mnzake nkhongo. Wolemba mvula ya kwawo alembenso ya anzake. Ndipo mfundo yoopsa koposa zonse: dzina la munthu wamoyo lisalembedwe ndi inki imeneyo, chifukwa cholembedwa chimatha kukula, chimaima pomwepo, ndipo munthu woima pomwepo ndi maliro.

Chimene chinkawasokoneza anthu n'chakuti a Gama sankaikamba ngati nthano. Ankaikamba ngati za pa wailesi. "Chaka chino a ku Nkhungu akweza mtengo," iwo akutero, nkhope ili gwa, uku akupinda chilembo pa thabwa. Wina akafunsa kuti maikowo ali kuti, kodi ndi tsidya la Mozambiki, ankangoti kabaza safikako. Ine ndinazindikira msanga kuti panganolo linkakula molingana ndi mikangano yawo. Atawagulitsa penti wosungunula, mawa lake tinamva kuti a ku Bango agwira chipanda cha inki yothira madzi, ndipo wothirayo amumwetsa yonse. Atakangana ndi mwini butchala pa za chikwangwani, m'pangano munalowa mfundo ya anthu osintha maganizo ntchito itatha. Tinkaseka mpaka nthiti kuwawa, mwini butchala yekha ali ndwii.

Nangozo ali moyo ankabwera masana ndi mbatata yootcha, n'kukhala pa benchi kumamvetsera. Iwo ndiwo okha ankatha kuwadula pakamwa. "Bodza, a Gama, dzulo munati mtolo unali wa bango louma, lero mukuti laliwisi." A Gama ankaseka, ndipo kuseka kwawo ndinkakumva pokhapo. Tiyi wothira Nangozo sankamuimirira.

Nangozo atapita, nkhani ya kusudzula itavuta, m'pangano munatulukira mfundo yatsopano imene tinali tisanaimvepo. Ati dziko lililonse lipereke munthu mmodzi akakwatire tsidya linalo ngati chikole cha mtendere, ndipo munthu ameneyo akafa aikidwe komwe anakwatirako, apo ayi pangano latha. Tsiku limenelo palibe anaseka. A Zakeyu anali pomwepo akumwa tiyi. Anaika kapu pansi, tiyi ali theka, n'kunena kuti, "Nthano za masiku ano zikumafuna minda." Kuyambira pamenepo sanawatchulenso kuti alamu. Ankangoti mkulu wa penti uja.

Ndifike pa tsiku la mtanda, ngakhale ndikalikumbuka mtima umandiwawa.

A Zakeyu anali ndi mng'ono wawo, a Filimoni, amene anadwala nthawi yaitali mpaka kumugoneka kuchipatala ku boma. M'mawa wina, kukuzizira kwa Juni kuja, nkhungu ili tolo, ndikutsuka makapu ndinaona a Zakeyu akubwera ndi mtanda wa matabwa atsopano kukhwapa. Anaima pamaso pa a Gama, chipewa chili m'manja.

"Alamu," iwo anatero, "a Filimoni atisiya. Andiimbira foni. Tilembereni dzina liume thupi lisanafike."

Ndinaona a Gama akutukula mutu pang'onopang'ono. Anayang'ana kumsewu. Masamba panalibe. Kulira kunalibe. Ine ndinatsegula pakamwa, koma a Zakeyu anapitiriza.

"Masamba tiyala galimoto ikanyamuka, amayi sitinawauze, mtima wawo mukuudziwa. Ndabwera kwa inu poyamba chifukwa ndinu wa pabanja, alamu."

Mawu amenewo ndiwo anawagwetsa. Munthu wonunkhiza shuga, munthu wogwedeza zitini, anatulutsa burashi m'sokosi osafunsanso kanthu. Analemba dzina la mlamu wawo mosamala kuposa chikwangwani chilichonse chimene ndinawaonapo akulemba, n'kutsamiritsa mtandawo pa khoma langa kuti uume. A Zakeyu anati akukakonza za bokosi, adzautenga masana. Linali tsiku la msika. Aliyense wodutsa anauwerenga.

Dzuwa lili pamutu, akazi a a Filimoni anaimbira foni mnzawo wogulitsa kabichi, kumupempha kuti awatumizire ufa pa minibasi. Ati odwala lero adzuka bwino, amwa phala, akufunsa za ng'ombe zawo. Mayi wa kabichiyo anakuwa msika wonse kumva. A Gama anathamangira mtanda uja n'kuyamba kuupala ndi mpeni, koma penti anali atagwira kale, ndipo maso a anthu anali ataona. Lisanathe sabata limenelo, a Filimoni anamwaliradi.

Eee, zimene zinatuluka m'kamwa mwa anthu! Omwe aja ankaseka pakhonde langa anayamba kukumbutsana mfundo za pangano imodziimodzi. Si uja ananena yekha kuti dzina la wamoyo likalembedwa munthu amaima? Si uja amadziwa mtengo wa inkiyo chaka ndi chaka, amaudziwa bwanji ngati sapitako? Nanga burashi yobisa m'sokosi? Mwini butchala anakumbuka kuti chilembereni chikwangwani chake malonda sayenda. Wina anakumbuka kuti Nangozo asanadwale, dzina lawo linalembedwa pa chitseko cha nyumba. Makasitomala anga anachepa, ati makapu anga amamwera mfiti. Achinyamata ena anayamba kunena za petulo ndi machesi, ndipo sankanong'ona.

Maliro atatha, achibale anaitanitsa bwalo masana pansi pa mtengo wa pichesi, pakhomo pa a Zakeyu. Panali mkulu wa mpingo ndi anthu ochuluka. Ine ndinaimirira n'kunena zimene ndinaona ndi kumva, kuti wobweretsa mtanda ndi uthenga anali a Zakeyu. Sanakane.

"Zoona, ndinanyamula ndine," iwo anatero mofatsa. "Wina anandiimbira, nambala sindikuidziwa, ndipo foni ija inagwera m'madzi. Kulakwitsa kulipo. Koma ine ndinanyamula thabwa lopanda kanthu. Mng'ono wanga anamwa phala tsiku limenelo. Chinamubweza n'chiyani?"

Anthu anang'ung'udza movomereza. Mkulu wa mpingo anatembenukira kwa a Gama.

"A Gama, tiuzeni pamaso pa Mulungu. Inki imeneyi ilipo kapena kulibe?"

A Gama anatulutsa kachitini m'thumba n'kukaika pansi. "Penti wakuda, wogula pa sitolo ya apa. Nkhani ija ndinaipeka ndekha, kuti anthu asamandithamangitse ndikamalemba."

"Ngati ndi penti chabe," anatero a Zakeyu, "thabwa ili apa. Lembani dzina lanu."

A Gama anayang'ana thabwalo. Kenako anati, "Ndikalemba n'kukhala moyo, mudzati mfiti siifa ndi mankhwala ake. Ndikalemba n'kufa, pakuti ndine nkhalamba, mudzati mwaona. Dzina la munthu wamoyo pa thabwa lotere ndalemba kamodzi, ndipo sindidzalembanso."

Kunena zoona, mpaka lero sindidziwa ngati anakana chifukwa anaona msampha, kapena chifukwa nkhani yawo yomwe inali itayamba kuwaopsa. Anthu anangomva kuti wakana. Phokoso linabuka, ena kumbuyo anayamba kutola miyala. Pamenepo a Gama anakweza dzanja, n'kulankhula ndi mawu amene ankakambira za mwala wa pakati pa mtsinje.

"Tipangane, alamu. Munda tengani. Nyumba tengani, ndi malata omwe. Ine nditsikira kwathu, simudzandionanso ndikuyenda pa Tsangano. Koma ndikadzafa mudzandilandire, mudzandigoneke pambali pa Nangozo. Wakufa salima kachewere."

A Zakeyu anayang'ana abale awo, n'kuvomera msanga, msanga kwambiri moti ine ndinakayika. A Gama nawonso anaona. Anapempha kuti zilembedwe, onse asayine. A Zakeyu anaseka. "Tilembe? Ndi inki iti, yanuyo?" Anthu anaseka nawo, ndipo ngakhale mkulu wa mpingo, amene anali ndi bolopeni m'thumba la malaya, sanaitulutse. Palibe ankafuna dzina lake likhale pa pepala limodzi ndi la a Gama. Anati mboni ndi anthu onsewa, pepala n'lachiyani. Pangano linathera pakamwa.

Ananyamuka pa lole ya kachewere, atakhala pamwamba pa matumba, ndi kachikwama kamodzi. Ndinawapatsa mandasi m'pepala. Anawayang'ana uku ndi uku monga mwa chizolowezi, kenako anandifunsa chapansipansi kuti, "Nabanda, inu mukuganiza kuti foni ija inaliradi?" Ndinati sindikudziwa. Iwo anati nawonso sakudziwa, ndipo chimenecho n'chimene chikuwasowetsa mtendere, pakuti mwina mlamu wawo ananamizidwadi, ndiye iwo akumusungira chakukhosi munthu wosalakwa. Taonani munthu ameneyu! Wakayikira dziko lonse moyo wake wonse, ndiye pa munthu mmodzi woyenera kumukayikira akufuna umboni.

Ine umboni ndilibe, koma maso ndili nawo. Matabwa a mtanda uja anali opala bwino, okhoma kale, ndipo kalipentala sakhoma mtanda m'bandakucha uthenga ukangofika. Munda wa Nangozo unalimidwa mvula yoyamba isanagwe. Ndikanena zimenezi anthu amati Nabanda ndiwe wa mtopola. Chabwino, ndine wa mtopola.

Ndinakawaona kamodzi kuchigwa, kwa mdzukulu wawo. Anali ataonda, kutentha kwa kumeneko kutawafooketsa. Zikwangwani anasiya. Ndinawafunsa, mongofuna kuwasangalatsa, kuti kodi a ku Nkhungu ndi a ku Bango akugulitsanabe? Anati sakumvako za kumeneko masiku ano. Chimene anafuna kudziwa n'chakuti manda a Nangozo akulambulidwa kapena ayi, ndiponso ngati malo a pambali pake akadalipo. Ndinati alipo. Anandiuza kuti jekete lawo labwino analisunga m'sutikesi, lodzavala pobwerera kumtunda, chifukwa kwathu kuno kumazizira.

Tsiku limene mdzukulu uja anaimba, nditalira mokwana, ndinamanga chitenje n'kupita kwa a Zakeyu. Ndinawapeza akusankha mbewu ya kachewere pakhonde la nyumba imene inali ya mlongo wawo.

"A Gama atisiya," ndinatero. "A kuchigwa akufunsa kuti abwere nalo liti thupi. Galimoto apeza okha."

Sanasiye kusankha. "Pepani. Awaike bwino kumeneko."

"Munalonjeza pamaso pa anthu, a Zakeyu."

"Tinalankhula zambiri tsiku lija kuti miyala isauluke. Ndinamupulumutsa munthu uja, mukanandithokoza. Koma kuika amene anapha mng'ono wanga m'manda momwe mwagona mng'ono wangayo? Nabanda, muli ndi pepala?"

Ndinazungulira kwa amene anali pansi pa pichesi tsiku lija. Mwini butchala akuti anaima kutali, sanamve bwino. Mkulu wa mpingo akuti nkhani za manda n'za eni mbumba. Ena akuti akukumbuka, koma asatchulidwe. Mkwiyo umene ndinali nawo, ndikanakhala ndi mphamvu ndikanakanyamula bokosilo ndekha pamutu. A Gama anaikidwa kuchigwa, m'dothi lonyowa la pafupi ndi minda ya mpunga, pakati pa anthu amene ambiri sankawadziwa n'komwe.

Mwezi wathawu kunagwa maliro ena m'banja la a Zakeyu, ndiye ndinalowa nawo kumanda. Mzere wa banjalo wadzaza, mitumbira yathithikana mpaka kumpanda wa minga. Koma pambali pa Nangozo pali malo a munthu mmodzi, osakumbidwa. Adzukulu okumba manda anawadumpha, n'kukavutika ndi mizu ya mtengo kumapeto kwenikweni. Ndinafunsa mmodzi wa iwo chifukwa chake. Anayang'ana uku ndi uku, n'kundiuza kuti pamenepo palibe amafuna, ati mwini wake anapalipira kale ndi munda, ndipo a Zakeyu anauza ana awo kuti iwo akadzafa awaike kulikonse koma osati apo. Pamera udzu wautali ndi chisoso. Anthu popita kukaponya dothi ankapalambalala, amayi akukokera zitenje zawo kuti zisakhudze udzuwo, ndipo Nangozo agona okha pakati pa mzere wodzazawo.